Funsani wa Mahedifoni: Nyimbo za M'mafilimu, Mawu Osamveka ndi Ndalama Zosaoneka

Bambo wa Mahedifoni, ndine mnyamata wa zaka 22. Ndimaimba kiyibodi m'bandi ndipo ndimapanga mabiti pa laputopu. Anzanga amati ndili ndi khutu. Mtima wanga uli pa kupeka nyimbo za m'mafilimu, koma manotsi sindidziwa kuwerenga, ndipo palibe wopanga mafilimu amene ndikudziwana naye. Ndiyambire pati? Popanda sukulu ya nyimbo zingatheke? — Wa kiyibodi

Achimwene, zingatheke, koma ndiyambe ndakukhumudwitsani pang'ono. Luso limene anzanu akukuyamikiranilo ndi lopanga nyimbo yoti munthu aimvere, aigwedezere mutu, mwinanso aivine. Nyimbo ya m'filimu ntchito yake ndi ina. Imakhala pansi pa anthu amene akulankhula, imalowa nkhani ikaifuna, n'kutuluka woonera asanazindikire kuti inalipo. Anyamata a mabiti amene ndagwira nawo ntchito ambiri amagwera pomwepa. Amabweretsa chinthu chokoma ndithu, ng'oma ikugunda, besi ikuyenda, piyano ili piringupiringu, ndiye mukachiika pansi pa mayi amene akuuza mwana wake kuti bambo ake sabweranso, mawu a mayiyo amamira. Dayirekitala akafika posankha pakati pa mawu a osewera ndi nyimbo yanu, amatsitsa nyimbo. Ndipo amakhala akukhoza.

Ntchito yake imayenda chonchi. Filimu ikajambulidwa, wodula zithunzi amalumikiza zidutswa mpaka iye ndi dayirekitala atagwirizana kuti basi, pano sitisunthanso kanthu. Apo m'pamene inu mumaitanidwa. Mumakhala pansi awiri kapena atatu, kuonera filimu yonse pang'onopang'ono, kuimitsa, kubwereza, kukambirana kuti nyimbo ilowe pati, ituluke pati, ndipo ikhalepo chifukwa chiyani. Imeneyo ndiye spotting session. Pakona pa chithunzi pamathamanga manambala a timecode, osonyeza ola, mphindi, sekondi ndi fulemu (chithunzi chimodzi mwa zithunzi zambirimbiri zimene zimapanga filimu). Filimu ya ku sinema imayenda mafulemu 24 pa sekondi, pomwe wailesi yakanema m'mayiko ambiri imayenda 25. Choncho simulemba kuti nyimbo iyambe mtsikana akatsegula chitseko. Mumalemba kuti iyambe pa 01:12:08:15, ithe pa 01:12:49:02. Mwapatsidwa masekondi 40 ndi timafulemu tochepa, ndipo mmenemo mulibe malo a vesi ndi kolasi. Kachidutswa kalikonse kotere ndi cue, ndipo filimu yaitali imakhala ndi tizidutswa makumi angapo.

Pakukambirana kumeneku musayembekeze kuti dayirekitala akuuzani kiyi kapena tempo. Ambiri sadziwa, ndipo amene amadziona ngati odziwa ndi amene amavutitsa kwambiri. Iye anena kuti, "Apa mtsikanayu wadziwa kale kuti akunamizidwa, koma sakufuna kuti zikhale zoona." Zimenezo ndiye zoti muzisandutse nyimbo. Inu funsani za nkhani: tili mumtima mwa ndani pano, wa mtsikana kapena wa wonamayo? Woonera adziwe tsopano kapena adzadziwe kutsogolo? Yankho la mafunso amenewa lingakhale noti imodzi ya vayolini yokokedwa kwa masekondi 10. Lingakhalenso kusaikapo kanthu. John Williams anaopseza dziko lonse mu 1975 ndi manotsi awiri okha osinthanasinthana mufilimu ya Jaws. Zala zanu zozolowera kuthamanga pakiyibodi ziyenera kuphunzira kukhala phee.

Pali mdani wina amene mudzakumana naye, ndi bwino mumudziwiretu. Wodula zithunzi sakonda kudula muli zii, ndiye amatenga nyimbo za anthu ena, zotchuka kale, n'kuziika mongoyembekezera. Timazitcha temp. Dayirekitala amaonera filimu yake miyezi yambiri ili ndi nyimbo zobwerekazo mpaka zimamulowa m'magazi, ndipo yanu ikabwera imamveka yachilendo, ngakhale ikhale yabwino chotani. Sizichitikira ongoyamba okha. Alex North, katswiri wodziwika kale, anapeka ndi kujambula nyimbo za filimu ya 2001: A Space Odyssey ya Stanley Kubrick, koma anakadziwira m'holo yoonetsera mu 1968 kuti Kubrick wazitaya zonse n'kusunga nyimbo za Richard Strauss, Johann Strauss ndi György Ligeti. Mukauzidwa kuti mupange yofanana ndi temp, musakopere, chifukwa mlandu wakuba nyimbo udzagwera inu. Funsani kuti m'nyimbo yobwerekayo chimene chikumukoka n'chiyani. Nthawi zambiri mupeza kuti ndi liwiro lake, kapena malo amene imakwerera, osati nyimbo yeniyeniyo.

Za sukulu tsono. Manotsi phunzirani, si ovuta monga mukuganizira, ndipo tsiku limene mudzaitane woimba vayolini kapena chitoliro kusitudiyo mudzafunika kumupatsa pepala. Koma ndikayang'ana mmene akuluakulu a ntchitoyi analowera, khomo linali lofanana: kutumikira wina. Williams yemweyo anayamba ngati woimba piyano m'masitudiyo a Hollywood, kuimba zolemba anthu ena monga Henry Mancini. Hans Zimmer sanakhalitse m'kalasi ya nyimbo, anaphunzirira pambali pa Stanley Myers ku London m'zaka za m'ma 1980. A. R. Rahman wa ku India anapanga nyimbo za malonda zambirimbiri asanapatsidwe filimu ya Roja mu 1992. Lebo M wa ku Soweto, amene mawu ake amatsegula The Lion King ya mu 1994, anali atagwirapo kale ntchito ndi Zimmer pafilimu ina zaka ziwiri m'mbuyomo.

Ndiye malangizo anga ndi awa, ndipo ena m'ntchitoyi angatsutse. Musadikire kuitanidwa ngati wopeka nyimbo. Pezani gulu lililonse limene likujambula kanthu, kaya ophunzira, kaya opanga timafilimu ta malonda, mukawauze kuti mukufuna kunyamula boom, ndodo yaitali ija yokhala ndi maikolofoni kumapeto. Ndi ntchito yopweteka mapewa ndipo oifuna ndi ochepa, choncho malo amapezeka. Mukaima pamenepo manja ali m'mwamba, mahedifoni ali kumutu, mumamva mawu a munthu mmene simunawamverepo: kupuma kwake, kumeza malovu, mawu akamanjenjemera. Mumadziwananso ndi madayirekitala akadali aang'ono. Tsiku limene mmodzi wa iwo adzafune nyimbo, adzakumbukira mnyamata amene ankafika nthawi yake osadandaula. Madzulo kunyumba, tengani kachigawo ka filimu ka mphindi ziwiri kopanda nyimbo, mukapekere katatu: koyamba kamveke koopsa, kachiwiri kachisoni, kachitatu koseketsa. Mukamaliza muone ngati mawu onse a osewera akumvekabe pasipika ya foni.

Ndajambula filimu yanga yoyamba ya mphindi 20. Zithunzi zatuluka bwino kwambiri, koma mawu akumveka ngati anthu akulankhulira m'bafa, ndipo pansi pali kulira kwinakwake kosalekeza. Tinagwiritsa ntchito maikolofoni ya pakamera. Mnzanga akuti tingoikapo nyimbo zambiri, anthu sazindikira. Nditero? — Mtsikana wa kamera

Achemwali, musatero. Mnzanuyo amakukondani koma akukusokeretsani. Woonera amakhululukira chithunzi chakuda pang'ono kapena chogwedezeka, koma akalephera kumva zimene anthu akunena, amatseka. Nyimbo pamwamba pa mawu oipa zimangowonjezera chinthu china cholimbana nacho khutu.

Vuto lanu ndi mtunda. Panja poyera, mtunda wa pakati pa kamwa ndi maikolofoni ukawirikiza kawiri, mphamvu ya mawu imatsika ndi ma decibel 6 (decibel ndi muyezo wa kukula kwa phokoso). Boom imakhala pafupifupi theka la mita pamwamba pa mutu wa wosewera. Kamera yanu mwina inali mamita anayi. Kuchoka pa theka kufika pa mita imodzi, iwiri, inayi, mwawirikiza katatu, ndiye kuti mwataya ma decibel 18. Koma phokoso la m'chipindamo silinatsike n'komwe, ndipo mawu ogunda kukhoma n'kubwerera afika pamaikolofoni ndi mphamvu yofanana kapena yoposa ya mawu ochokera pakamwa. Bafa mukulimvalo ndi limenelo. Maikolofoni yotchipa ili pafupi imaposa yodula ili patali. Kulira kwapansiko ndikuganiza kuti ndi filiji, fani, kapena magetsi amene alowa m'waya. Kwa magetsi kumakhala pa 50 Hz, kapena 60 Hz m'mayiko monga America, ndipo kumeneko n'kosavuta kudula ndi EQ, chida chotsitsira kapena kukwezera mbali ina ya mawu.

Zopulumutsa zilipo, koma musayembekeze zozizwitsa. Mapulogalamu monga iZotope RX, kapena zida zotsukira mawu za mu DaVinci Resolve, amachotsa phokoso losasintha bwino ndithu. Kubwerera kwa mawu kuja amangokuchepetsa, ndipo mukawakakamiza kwambiri munthu amayamba kumveka ngati akulankhulira m'madzi. Pamene pakanika, itanani oseweranso adzabwereze mawu awo akuonera milomo yawo pachithunzi. Imeneyo ndi ADR, ndipo mafilimu akuluakulu amaichita tsiku ndi tsiku. Sikufunika situdiyo yodula. Chipinda chokhala ndi makatani, matiresi ndi zovala zambiri chimakwanira. Mumusewerere wosewerayo chiganizo chimodzi katatu m'mahedifoni, kachinayi anene yekha. Ngati pachithunzi akuyenda, asakhale pampando, aime n'kumasuntha thupi, apo ayi mawu amatuluka a munthu wowerenga nyuzi. Ndipo mukabwereza chiganizo chimodzi m'gawo, kawirikawiri mumayenera kubwereza gawo lonse, chifukwa mawu atsopano oyera ndi akale a m'bafa sagwirizana.

Pafilimu yotsatira, munthu mmodzi akhale wa mawu basi, asamagwirenso nyale kapena kuthamangira madzi. Asanayambe kujambula aime pakati pa chipinda atavala mahedifoni, atseke maso, amvetsere. Filiji izimitsidwe. Anthu a ntchitoyi amaika makiyi a galimoto m'filijimo kuti asachoke osaiyatsanso, poti eni nyumba akapeza zinthu zawo zitasungunuka sadzakulolaninso. Jenereta ipite kutali, kuseri kwa khoma. Wotchi ya pakhoma ichotsedwe batire. Chojambulira mawu muchiike pa 48 kHz ndi 24 bit, ndiwo muyezo wa mafilimu. 44.1 kHz ndi wa ma CD, ndipo fayilo yotere ikawerengedwa molakwika imathamanga n'kusiyana ndi milomo. Nthawi iliyonse mukayamba kujambula, wina aombe m'manja kamodzi pamaso pa kamera ngati mulibe kabolodi kowombera kaja, kuti polumikiza mawu ndi chithunzi musavutike.

Chomaliza, chimene ongoyamba onse amachiiwala. Mukamaliza gawo, anthu asanayambe kusuntha zinthu, wa mawu akuwe kuti "Room tone!" Aliyense aime pomwe ali, osalankhula, osakanda, osayang'ana foni, kwa masekondi 30 kapena mphindi imodzi, rekoda ikuyenda. Mumaoneka ngati gulu la anthu ozunguzika, ndipo pamakhala wina amene amayamba kuseka pa sekondi ya 20. Koma chipinda chilichonse chili ndi kupuma kwake, ndipo podula mawu, mipata yonse imatsekedwa ndi kachidutswa kameneka. Popanda iko, pakati pa chiganizo ndi chiganizo pamagwa dzenje la zii limene khutu limalimva msanga.

Ndigule zida ziti kuti ndiyambe? Ndalama ndili nazo zochepa. — Wofunsa mwachidule

Nanenso ndiyankha mwachidule. Mahedifoni abwino otseka makutu, monga Sony MDR-7506 amene mumawaona pafupifupi paliponse pojambulira, kiyibodi yaing'ono ya MIDI (yolumikiza kukompyuta), ndi kompyuta imene muli nayo kale. Pulogalamu ya Reaper ndi yotchipa ndipo imatsegula kanema. DaVinci Resolve ili ndi mtundu waulere wokhala ndi gawo lonse la mawu lotchedwa Fairlight. Pro Tools ndiyo imapezeka m'masitudiyo akuluakulu, mudzaiphunzira ikadzafunika. Zoimbira za orchestra zaulere zilipo, mwachitsanzo BBC Symphony Orchestra Discover ya kampani ya Spitfire Audio. Mapulogalamu obedwa asiyeni, amakufera usiku woti m'mawa mupereke ntchito. Phunziraninso kuwerenga mita ya LUFS, yoyeza kukwera kwa mawu: mawailesi akanema otsatira muyezo wa EBU R128 amafuna -23 LUFS, ndipo mukapereka zokuwa mmene mumachitira ndi mabiti amakubwezerani. Ndalama yotsala gulirani hard drive yachiwiri yosungirapo ntchito.

Mwana wanga akuti kulira kwa mapazi, zitseko ndi zibakera m'mafilimu n'kwabodza, kumapangidwa pambuyo. Ine ndikuti akunama. Tiweruzeni. — Agogo okonda mafilimu

Agogo, pepani, mlanduwu mwaluza. Pojambula, maikolofoni imalunjika pakamwa, ndipo zina zonse timayesetsa kuti zisamveke. Nthawi zina timafika pomata tinsalu kunsi kwa nsapato za osewera. Kenako zonsezo zimabwezeretsedwa m'situdiyo. Ntchitoyi imatchedwa Foley, potengera Jack Foley wa kukampani ya Universal, amene anayamba kuichita chakumapeto kwa zaka za m'ma 1920, mafilimu atangoyamba kulankhula.

Mukalowa m'chipinda cha Foley mungaganize kuti ndi kotayira zinthu. Pansi pali timabwalo ta simenti, matabwa, mchenga ndi miyala. Pakona pali mulu wa nsapato zosagwirizana, zitseko zopanda nyumba, maunyolo, mipando yolira. Munthu wamkulu ndi ndevu zake amavala nsapato za gogoda, maso ali pachithunzi, n'kumaponda pamalo amodzi motsatira mayi amene akutsika masitepe. Sakungofananitsa nthawi yokha ayi. Mayi wokwiya ndi mayi wotopa saponda mofanana, ndipo wa Foley wabwino amasewera zimenezo ndi mapazi. Akamaliza mapazi amabwerera poyamba n'kutenga nsalu, kuikhwinyata pafupi ndi maikolofoni kuti zovala zimveke zikusuntha. Zikamba za kokonati ndiye ziboda za hatchi, magolovesi achikopa ndiye mapiko a mbalame, ndipo fupa likamathyoka kawirikawiri amakhala akuthyola phesi la celery.

Palinso ena opanga kulira kwa zinthu zimene kulibe. Ben Burtt, popanga malupanga owala a mu Star Wars ya mu 1977, anasakaniza kung'ung'udza kwa mota ya makina akale oonetsera filimu ndi kulira kumene maikolofoni inatola pafupi ndi wailesi yakanema. Mfuti zake anazipeza pomenya ndi hamala waya wolimbitsa nsanja ya wailesi.

Chifukwa china chochitira zonsezi ndi malonda. Filimu ikagulitsidwa kudziko la chilankhulo china, amachotsa mawu a osewera n'kuikapo atsopano. Mapazi ndi zitseko zikanakhala pamodzi ndi mawuwo zikanapita nawo. N'chifukwa chake ogula amafuna M&E, kutanthauza nyimbo ndi kulira kwa zinthu zonse paokha, popanda wolankhula.

Ndinapeka nyimbo za filimu ina. Mwini filimu anati ndalama palibe koma dzina langa lituluka, ndipo zikayenda adzandiganizira. Filimuyo yaonetsedwa pa wailesi yakanema kangapo, ine sindinalandire kalikonse, foni sakuyankhanso. Sitinalemberane. Nditani? — Wodandaula

Achimwene, kalata ngati yanuyi ndimalandira zambiri kuposa za mafunso ena onse. Akuluakulu anati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pachala ndi wa mphepo. "Ndidzakuganizira" ndi fodya wa pachala.

Komabe musataye mtima, chifukwa kusalemberanako mwina kwakuthandizani. M'malamulo a mayiko ambiri, nyimbo ndi ya amene waipeka kuyambira pamene yalembedwa kapena kujambulidwa, ndipo umwiniwo kawirikawiri susamuka popanda pepala losainidwa, pokhapokha ngati munali wolembedwa ntchito pakampani yakeyo. Pangano la mayiko la Berne limati chitetezo chimenechi chikhalepo moyo wonse wa wopeka ndi zaka zosachepera 50 atamwalira, ndipo mayiko ambiri anakweza kufika 70. Munamulola kuika nyimbo m'filimu yake, koma sizitanthauza kuti munamupatsa nyimbozo. Malamulo amasiyana dziko ndi dziko, ndiye kaonaneni ndi loya kapena bungwe loona za umwini wa nyimbo kwanuko, mutanyamula mafayilo oyambirira a m'kompyuta ndi mauthenga onse amene munkatumizirana.

Wopeka nyimbo za filimu amadya pawiri. Koyamba ndi malipiro a ntchito, ochokera kwa mwini filimu. Kachiwiri ndi ma royalty, amene sachokera kwa mwini filimu konse. Mawailesi ndi makampani oonetsa mafilimu amalipira chiphaso kumabungwe otolera ndalama za opeka nyimbo. Loyamba mwa mabungwe amenewa ndi SACEM ya ku France, ya mu 1851. ASCAP ya ku America ndi PRS ya ku Britain zinayamba mu 1914, SAMRO ya ku South Africa mu 1961, ndipo ambiri amalumikizana kudzera ku CISAC, imene inakhazikitsidwa mu 1926. Choncho filimu ikaonetsedwa kudziko lina, bungwe la kumeneko limatolera n'kutumiza ku bungwe lanu. Pali zopatula zake: nyumba za sinema za ku America sizilipira ndalama zimenezi chiyambire chigamulo cha khoti cha mu 1948, pomwe za ku Ulaya zimalipira.

Koma bungwe silingakulipireni ngati silikudziwani, ndipo silingadziwe kuti nyimbo ya mphindi ya 34 ndi yanu popanda cue sheet. Ndi pepala wamba, ngakhale pa Excel mukhoza kulipanga: dzina la filimu, dzina la cue iliyonse, kutalika kwake mpaka sekondi, wopeka, wofalitsa, gawo la aliyense, ndiponso ngati nyimboyo ili pansi chabe kapena ikuimbidwa poonekera. Ndi udindo wa mwini filimu kulipereka, koma ine ndimalemba ndekha n'kutumiza kope kubungwe, chifukwa mwini filimu alibe chimene amapindulapo, ndiye sachita changu. Poti wanuyo sakuyankha foni, lembetsani kubungwe, lembetsani nyimbozo, konzani cue sheet, ndipo mulembe masiku ndi wailesi imene filimuyo inaonetsedwa. Fulumirani, mabungwe ena ali ndi malire a zaka zimene munthu angaitanitse za m'mbuyo.

Kutsogoloku, ngakhale ntchito ikhale ya mnzanu wa pamtima, pakhale pepala, lingakhale tsamba limodzi. Linene ndalama zingati ndipo zilipidwa liti. Ine ndimafuna gawo poyamba, gawo pakati, lotsala ndisanapereke mafayilo omaliza. Linene kuti kusintha kwaulere ndi kangati, chifukwa pali madayirekitala amene amadulanso filimu inu mutamaliza, n'kuyembekeza kuti masekondi onse aja muwasokenso mwaulere. Linene mmene dzina lanu lidzalembedwere. Koposa zonse linene kuti umwini ukutsala kwa ndani. Makampani akuluakulu amakonda kugula zonse, koma ngakhale pamenepo mwambo wa ntchitoyi ndi woti gawo la wopeka, limene nthawi zambiri limakhala theka la ma royalty a kuonetsa, limatsala kwa wopekayo. Mukaona mawu akuti buyout, kutanthauza kugula zonse ndi malipiro amodzi, werengani kawiri.

Kugwira ntchito yaulere sindikuletsa. Tonse tinayambira kumeneko. Koma amene alibe ndalama asatengenso umwini. Mubwerekeni nyimbozo pafilimu yokhayo, inu mukhale nazo, mudzathe kuzigulitsanso kwina.

Mwana wanga wamkazi wamaliza sukulu ndipo akuti akufuna ntchito ya mawu a m'mafilimu. Amangokhala m'chipinda mahedifoni ali kumutu mpaka usiku. Ine ndikuona ngati ndi ntchito ya amuna, komanso yosadyetsa. Ndimuletse? — Bambo wa ana atatu

Bambo, musamuletse, koma nkhawa yanu ya ndalama ndi yomveka ndipo sindikunamizani. Malipiro a pamwezi ndi osowa m'ntchitoyi. Mwezi wina ntchito zimagwa zitatu nthawi imodzi, miyezi iwiri yotsatira foni ili chete. Amene amakhalitsa ndi amene ali ndi manja ambiri: lero akujambula mawu a filimu yofotokoza zochitika, mawa akutsuka mawu a podcast, mkuja akupeka kanyimbo ka malonda ka masekondi 30, kwinaku akuphunzira za mawu a magemu a pakompyuta. Wongodikira filimu yaikulu yekha ndi amene amagona ndi njala. Mumufunse mwana wanuyo kuti akuonetseni chimene wamaliza, osati chimene wayamba. Ngati ali ndi zomaliza, ngakhale zazifupi, ndiye kuti m'chipindamo akugwira ntchito.

Zoti ndi ya amuna, n'zoona kuti amuna ndiwo achuluka, koma si chifukwa choti makutu awo ndi ena. Rachel Portman anakhala wopeka nyimbo wamkazi woyamba kulandira mphoto ya Oscar ya nyimbo za filimu yonse (Best Original Score) mu 1997. Hildur Guðnadóttir wa ku Iceland analandira yake mu 2020. Iyeyu, popeka nyimbo za sewero la pa wailesi yakanema la Chernobyl, anapita ndi zojambulira mawu kumalo opangira magetsi a nyukiliya otsekedwa a ku Ignalina, m'dziko la Lithuania, n'kujambula kulira kwa zitseko, mapaipi ndi zipinda zake, ndipo nyimbozo anaziumba kuchokera mmenemo. Ndi ntchitonso yosathamangitsa ukalamba: Ennio Morricone, amene anapeka nyimbo za mafilimu ndi masewero oposa 400, anapambana Oscar mu 2016 ali ndi zaka 87.

Pamene mungalowererepo monga kholo ndi pa mahedifonipo. Akatswiri a zaumoyo wa pantchito amati phokoso la ma decibel 85 munthu asalipitirize maola 8 pa tsiku, ndipo likakwera ndi 3 okha nthawiyo idulidwe pakati: 88 maola anayi, 91 maola awiri. Tinthu tomvera ta m'kati mwa khutu tikafa sitimeranso. Mukaima pakhomo la chipinda chake n'kumva zimene zikutuluka m'mahedifonimo, ndiye kuti wakweza kwambiri. Azipumitsa makutu mphindi zingapo pa ola lililonse, azivala zotsekera makutu kumalo a zoimbaimba, ndipo akayamba kumva kulira kwa "tsiii" pogona, mupite naye akamuyeze makutu.